Anavulala mutu, madzi anadzaza m'mapapo, tsopano akuchimuna akuloza ine chala

Alangizi,

Ndithandizeni maganizo msanga, chifukwa nkhani ili pakhomo panga ikhoza kuthetsa banja langa, ndipo choopsa kuposa pamenepo, ikhoza kuika moyo wa amuna anga pachiswe kachiwiri. Ndine mayi wa ana atatu, ndimakhala ku Machinjiri ndipo ndimasoka zovala ku Limbe. Akuchimuna akufuna kudzatenga bambo a kunyumba kupita nawo kwa sing'anga kumudzi ku Chiradzulu. Ine ndikukana. Iwo akuti kukana kwangako ndi umboni woti ndikudziwapo kanthu pa matendawa.

Gwero lake ndi ngozi ya kabaza. Amuna anga poweruka kuntchito anakwera njinga yamoto, ndipo chakufupi ndi Kameza njingayo inawombana ndi galimoto. Anagwa n'kumenyetsa mutu pa phula. Helemeti analibe, anavala ndi woyendetsa yekha, monga mmene timakwerera tonse mumzinda muno, ndipo mpaka lero ndikaona mayi atabereka mwana pa njinga mutu uli pamtunda mtima umandipweteka. Pamene ndinkafika kuchipatala n'kuti atakomoka. Sikani inaonetsa kuti magazi atayikira mkati mwa chibade ndipo ubongo watupa. Pachifuwa panalibe bala, nthiti sizinathyoke, ndipo X-ray yoyamba inaonetsa mapapo abwinobwino.

Usiku womwewo zinthu zinatembenuka. Anayamba kupuma mothamanga, mwabefu, thupi lonse thukuta. Kenaka pakamwa panatuluka thovu lofiirira. Kachipangizo koyeza mpweya kamene amapanitsa pachala kanatsika pansi pa 90 chonsecho ali pa okosijeni. Anathamangira nawo ku ICU, chipinda cha odwala mwakayakaya, anawalowetsa paipi pakhosi, makina n'kumawapumira. Atajambulanso pachifuwa, mapapo onse awiri anali atadzaza madzi.

Kunena zoona nanenso poyamba zinandizunguza. Munthu wavulala mutu, madzi m'chifuwa achokera kuti? Dokotala wina wachitsikana, Mulungu amudalitse, anakhala nane pabenchi n'kundifotokozera modekha, ndipo dzina la vutoli anandilembera pakapepala kamene ndikusunga m'buku la kuchipatala: neurogenic pulmonary oedema. Mmene ndinamvera ndi motere. Ubongo ukavulala mwadzidzidzi n'kutupa, umasowa kopita chifukwa fupa la mutu silitamuka, ndiye umapanikizika. Mbali yake ya m'munsi, cha kunkhongo kuno, ndi imene imayang'anira kugunda kwa mtima ndi kupuma. Ikasokonezeka, thupi limakhuthula adrenaline, mankhwala a m'thupi amene amathamangitsa mtima munthu akachita mantha, ndi zina zofanana naye zochuluka kwambiri nthawi imodzi. Mitsempha ya magazi m'thupi lonse imafinyika, BP imakwera, ndipo magazi ambiri amakankhidwira kumapapo. Timitsempha ta m'mapapo n'topyapyala zedi. Zimakhala ngati paipi yakale imene madzi abwereramo ndi mphamvu atasowa nthawi yaitali, imayamba kuchucha paliponse pofooka. Madzi a m'magazi a munthu yemweyo amadutsa n'kulowa m'timatumba timene mumayenera kulowa mpweya, ndipo munthu amabanika. Kwa ena mtima nawo umafooka kwakanthawi chifukwa cha adrenaline yemweyo.

Anandiuzanso kuti vutoli limatha kubwera patangopita mphindi kapena maola ochepa chivulalireni, kwa ena pakati pa maola 12 ndi 24, ndipo kupanikizika kwa ubongo kukachepa, madziwo nthawi zambiri amaphwa pakatha maola 48 mpaka 72. Si ngozi ya pamsewu yokha imene imayambitsa. Mtsempha ukaphulika mu ubongo, munthu akagwa khunyu yaikulu, akavulala msana cha m'khosi, ngakhale matenda oumitsa khosi, zonsezi zikhoza kudzetsa madzi m'mapapo mwa njira yomweyi. Ndipo zinachitikadi monga ananenera. Atachita opareshoni yochotsa magazi m'mutu, mapapo anayamba kuyera, ndipo pasanathe sabata paipi ija anaichotsa, bambo n'kumapuma okha.

Ine ndinkaganiza kuti tikatuluka m'chipatala tidzathokoza Mulungu pamodzi monga banja. Koma mlandu unali utayamba kale kukhonde la wodi, ine ndili mkati kusamala wodwala.

Apongozi anga aakazi akuti ndinawamwetsa phala ali chikomokere, phalalo n'kulowera kumapapo. Sindinawapatse kanthu, ngakhale dontho la madzi. Anamwino anatiuza magadiyani tonse kuti wokomoka sapatsidwa chilichonse pakamwa, ndipo ndinamvera. Nditamva mphekeserazi ndinabwerera kwa dokotala uja kukafunsa ngati zimenezi zingatheke. Anati inde, chakudya kapena masanzi zikalowa m'mapapo zimayambitsa chibayo, ndipo n'chimodzi mwa zinthu zimene madokotala amayamba aganizira kwa munthu wovulala mutu. Koma chibayo choterocho kawirikawiri chimakonda mbali imodzi, makamaka papo la kumanja, ndipo chimachedwa kutha. Za amuna anga zinagwira mapapo onse awiri nthawi imodzi n'kuphwa msanga mutu utangothandizidwa. Alamu anga aamuna akuti anamwino anachulutsa madripu. Zimenezonso madokotala anaziona, ndipo mtima anauyeza. Koma amalume awo a bambo, amene mawu awo satsutsidwa pabanjapo, akuti mutu ndi chifuwa n'zotalikirana, choncho pali munthu anawadyetsa kanthu kalekale ndipo ngozi inangovundukula. Munthuyo samutchula, koma akamalankhula maso amakhala pa ine. Mlamu wanga wamkazi anachita kunena poyera kuti ndikufuna nyumba ndi ndalama za kuntchito.

Alangizi, nyumba imeneyi tinaumba njerwa zake limodzi. Munthu amene ndinkamutembenuza usiku kuti asachite zilonda, amene ndinkamupukuta ndi kumusambitsa iwo atabwerera kumudzi, lero ndikhale ine womupha? Zimandiwawa, koma kunyozedwako ndikhoza kupirira. Chimene sindingapirire ndi chimene akufuna kuchita.

Panopa bambo ali pakhomo. Akuyenda, ngakhale mwendo ndi dzanja la kumanzere n'zofooka. Amaiwalaiwala, amapsa mtima msanga pa zinthu zazing'ono, pomwe kale anali munthu wofatsa. Kuchipatala anatichenjeza kuti zimenezi zimachitika ubongo ukavulala, koma akuchimuna akuti ndi chizindikiro choti ndinawapusitsa ndi mankhwala. Akamamwa madzi mothamanga amatsamwa. Ndipo chitulukireni anagwapo kamodzi ngati wakhunyu, zimene sanachitepo chibadwire, moti anawapatsa mapiritsi akumwa tsiku lililonse, n'kutiuza kuti tisadumphitse ndipo tisasiye tokha, chifukwa kusiya mwadzidzidzi kumaitana kugwa kwakukulu.

Tsono sing'anga amene apeza wanena kale kuti wodwala akafika asiye mapiritsi achizungu, ndipo adzawamwetsa mankhwala osanzitsa kuti chimene anadyetsedwacho chituluke. Taganizani. Munthu amene akutsamwa ndi madzi akumwa, mukamusanzitse dala, masanziwo akapita kuti? Munthu amene akuteteza khunyu ndi mapiritsi, mumulande mapiritsiwo, mupite naye kumudzi kumene galimoto yake ndi yochita kuitanitsa. Ine ndinaona ndi maso anga mmene thovu lija linabwerera mofulumira, ndipo chimene chinawapulumutsa n'choti okosijeni ndi makina zinali pafupi. Sindikunyoza chikhalidwe chathu, nanenso ndinakulira kumudzi ndipo agogo anga ankadziwa zitsamba. Koma apa pali moyo wa bambo wa ana anga.

Ankhoswe ndinawauza. Wa kwathu ali mbali yanga koma akuopa kuoneka ngati akuikira kumbuyo mfiti. Wa kuchimuna ndi amalume omwe aja. Eniake bambo, mayi awo akalankhula amavomera kupita, madzulo ndikawafunsa amati sakufuna kuchoka pakhomo, mawa lake aiwala zonse ziwiri. Abusa a kumpingo kwathu anadzapemphera, koma nkhani ya sing'angayi anaizemba.

Ndiye ndikupempha mundithandize pa izi. Choyamba, ngati mungafunse madokotala m'malo mwanga: kodi madzi aja anasiya chilema m'mapapo, kapena akaphwa ndiye kuti zatha? Nanga atagwanso khunyu, n'zotheka kuti abwerenso, ndipo ndi zizindikiro ziti zimene ndikaziona ndisadikire kuti kuche? Ndikufunanso kudziwa chochita pa nthawi imene agwa. Ndinauzidwa kuti ndiziwagoneka chammbali ndipo ndisaike supuni kapena chala m'kamwa, koma apongozi amati azithiridwa madzi kumaso ndi kumwetsedwa, ndipo tsiku lija tinachita kulimbirana kapu. Mukalemba inu m'nyuzipepala mwina adzamva, chifukwa alamu anga amawerenga tsamba lanu.

Za mafizo nazonso ndikufuna uphungu. Anthu andiuza za ku Kachere, kumene amathandiza ofooka ziwalo. Kodi munthu amapita yekha kapena amafunika kalata yochokera kwa dokotala?

Koma chachikulu ndi ichi: ndiwalankhule bwanji akuluakulu amenewa popanda kuoneka wamwano? Ndaganizapo zopempha amalumewo kuti atiperekeze tsiku lokaonana ndi dokotala, akamve okha kuchokera pakamwa pa amene anang'amba mutuwo, koma ndikuopa kuti akakana ndiye kuti ndatseka khomo lomaliza. Ndaganizanso zowalola kuti achite miyambo yawo pakhomo pano, bola mapiritsi asasiyidwe ndipo pakamwa pasalowe chosanzitsa. Kodi kutero n'kulolera koyenera, kapena ndikhala ngati ndavomera mlandu umene sindinapalamule? Ndipo ngati atabwera ndi galimoto kudzawatenga mokakamiza ine ndili ku Limbe, malamulo amapereka mphamvu kwa ndani pa munthu wodwala amene sakutha kudzisankhira bwino, mkazi wake kapena abale ake? Ndikadandaule kwa amfumu, kupolisi, kapena ku ofesi yoona za chisamaliro cha anthu?

Anena kuti abwera mwezi uno ukatha, akangogulitsa nandolo n'kupeza ya galimoto. Chonde ndiyankheni isanafike nthawiyo.

Ine mayi wosowa mtendere,
Machinjiri, Blantyre