Nkhope yanga ili m'dongo, kunyumba sakudziwa

Azakhali,

Ndi 1 koloko usiku, malaiti anazima kalekale, bambo a ana ali mtulo. Ndine mayi wa zaka 34, kwathu ku Katete koma ndimakhala ku Mtendere, ndimagulitsa tomato ndi impwa. Dzina musandifunse.

Mu June kasitomala wanga wina woumba ziboliboli anati khosi langa ndi labwino, ndizikakhala pampando iye aziumba. K150 pa tsiku. Lendi inali italumpha miyezi iwiri, mukanakhala inu mukanakana? Kunyumba ndinanena kuti ndapeza pisiweki yochapa ku Kabulonga.

Sanandigwirepo molakwika, ndisamunamizire. Koma maso aja! Maola atatu ali pa ine, osati maso a mwamuna ayi, koma mmene ine ndimayang'anira tomato ndikamaoda kumsika wa Soweto. Amabwera ndi kachitsulo konga mphanda, kuyeza kuyambira pachibwano mpaka pamphumi, n'kubwerera kudongo lake, pakamwa ali chete. Mphuno ikandiyabwa, "Musagwedezeke amai." Tiyi amamwa yekha, ine m'mimba muli kulira, ndipo shuga ali pomwepo patebulo, ngakhale kungofunsa mwamwambo chabe. Tsiku lina anati nditsitseko chitenge paphewa. Ndinatsitsa. Mpaka pati, sindinena.

Tikaweruka chiboliboli chija amachikulunga ndi nsanza zonyowa ndi pulasitiki kuti dongo lisaume, ine ndimangoona ngati akufunditsa mtembo wanga. Sabata yatha anachivundukula kuti ndichione bwino. Azakhali, ndi malemu amai anga enieni, mlomo ataluma mmene ankachitira atate akabwera ataledzera. Ine pamsika ndimaseka tsiku lonse. Zimenezi anaziona pati? Kuyambira tsikulo kalilole ndimamuthawa.

Tsopano akuti akufuna kukachionetsa ku Henry Tayali Gallery, malo oonetsera zaluso ku Showgrounds, akuti ndi chake poti anandilipira. Analipira nthawi yanga kapena nkhope yanga? Mwina wolakwa ndine, ndalama ndinalandira ndi manja awiri. Komanso bambo a ana akanamasiya ya ndiwo, kumeneko ndikanakafunako chiyani?

Amai a Chigwirizano akachiona ndidzati chiyani? Ndiwauze bambo a ana asanamve kwa anthu? Ndikamupemphe achiphwanye, pamene ndi amai anga? Ndipo chondivuta kwambiri: Lachinayi akundiyembekeza kuti amalize makutu, ine ndapeza kuti ya basi ndasunga kale.

Ine wosowa tulo,
Mtendere, Lusaka