Brenda Chapman anayenera kumaliza yekha filimu imene anaiyamba

Akonzi,

Ndiloleni ndilembepo za mayi wina wa ku America, Brenda Chapman, amene ntchito ya manja ake ana athu ambiri anaionera koma dzina lake silitchulidwa. Makolo ambiri amaidziwa The Lion King, ndipo ena anaonera pamodzi ndi ana awo The Prince of Egypt, filimu ya makatuni yosimba za Mose ndi Farao. Tikamakamba za mafilimu amenewa timangotchula dzina la kampani, ngati kuti kampani ndiyo imagwira pensulo, pamene kuseri kwake kuli anthu amene anathera zaka zambiri akujambula.

Mayi Chapman anabadwa m'chaka cha 1962 m'kamudzi ka Beason, m'chigawo cha Illinois, ndipo luso lojambula makatuni anakaliphunzira kusukulu ya California Institute of the Arts. Mu 1987 analowa ntchito ku Disney ngati wophunzira m'chipinda chokonza nkhani, pamene kampaniyo inali kupanga The Little Mermaid. Kuti timvetse kukula kwa chimenechi, tiyenera kukumbukira kuti m'zaka za m'ma 1930 kampani yomweyi inkalemba akazi makamaka kuti azidutsitsa inki ndi kupaka utoto pa zithunzi zimene amuna ajambula kale, ndipo atsikana ofunsira ntchito yojambula ankayankhidwa kuti imeneyo ndi ya anyamata.

Ntchito ya m'chipinda chokonza nkhani ndiyofunika kuifotokoza, chifukwa ndi pamene filimu ya makatuni imabadwira. Asanayambe kujambula chilichonse chimene tidzachione pa kanema, wojambula nkhani amatenga timapepala tambirimbiri n'kujambulapo chochitika chilichonse mwachidule, kenaka amatikhoma pabolodi motsatizana. Akatero amaimirira kutsogolo kwa anzake atagwira kandodo, akuloza chithunzi chimodzichimodzi, akuyerekeza mawu a mfumu, a mwana ngakhale a chinyama, kuti aone ngati anzakewo aseke kapena agwidwe chisoni. Zikakanika, mapepala amatsitsidwa ndipo ntchito ya masabata angapo imayambikanso. Mayi Chapman anaidziwa ntchito imeneyi mpaka anapatsidwa udindo woyang'anira nkhani yonse ya The Lion King, imene inatuluka mu 1994, ndipo anali mkazi woyamba kukhala paudindowo ku Disney.

Chaka chomwecho anasamukira ku kampani yatsopano ya DreamWorks, kumene anatsogolera The Prince of Egypt pamodzi ndi Steve Hickner ndi Simon Wells. Filimuyo itatuluka mu 1998, iye anakhala mkazi woyamba kutsogolera filimu yaitali ya makatuni pa kampani yaikulu ya ku America. Ndanena ku America mwadala, pakuti ku Germany mayi Lotte Reiniger anali atatulutsa kale filimu yake yaitali ya zithunzi zodula ndi sizasi mu 1926, ndipo zimandimvetsa chisoni kuti Hollywood inachedwa zaka zoposa 70 kufika pamene mayi ameneyu anafika.

Chimene chandilembetsa kalatayi ndi zimene zinachitika atapita ku kampani ina ya makatuni ya Pixar mu 2003. Kumeneko anaganiza yekha nkhani ya mwana wamkazi wa mfumu ya ku Scotland, dzina lake Merida, katswiri woponya mivi, amene akukana kukwatiwa ndi mwamuna womusankhira, ndipo pofuna kusintha maganizo a amayi ake amawasandutsa chimbalangondo mosadziwa. Mayi Chapman ananena poyera kuti nkhaniyi inachokera m'kukokanakokana kwa iye ndi mwana wake wamkazi. Inali filimu yoyamba ya Pixar imene mwini nkhani wake ndi mtsikana, komanso yoyamba kutsogoleredwa ndi mkazi. Koma mu October 2010, atagwira ntchitoyo kwa zaka zingapo, anachotsedwa pautsogoleri chifukwa cha kusiyana maganizo ndi akuluakulu, ndipo m'malo mwake munalowa Mark Andrews. Munthu walima, wabzala, wapalira, ndiye chimanga chitayamba kukhwima akumuuza kuti atuluke m'munda.

Ena adzanena kuti Pixar inachotsapo amuna paudindo womwewo, ndipo n'zoona: Jan Pinkava anasiyitsidwa kutsogolera Ratatouille, Bob Peterson naye anachotsedwa pa The Good Dinosaur. Filimu yotere imadya ndalama zankhaninkhani ndipo eni ndalama ali ndi ufulu woonetsetsa kuti ntchito ikuyenda. Komabe sindivomereza kuti nkhani zimenezi n'zofanana. Amuna aja atachotsedwa, panali amuna ena ambiri otsogolera mafilimu pakampaniyo, pamene mayi Chapman anali yekha, ndipo nkhani imene anamulanda inali ya mayi ndi mwana wake wamkazi, imene iye ankaidziwa kuchokera m'nyumba mwake. Atachoka, Pixar inadikira mpaka 2022 kuti itulutse filimu yaitali yotsogoleredwa ndi mkazi payekha, Turning Red ya Domee Shi.

Filimu ya Merida inatuluka mu 2012 ndi dzina lakuti Brave, ndipo dzina la mayi Chapman linasungidwa pakati pa otsogolera. Chaka chotsatira anakwera pansanja pamodzi ndi Andrews kukalandira mphoto ya Oscar, nakhala mkazi woyamba kuilandira m'gawo la mafilimu aatali a makatuni. Ndimakondwera nayo mphotoyi, koma sindiiona ngati inafafaniza cholakwa, popeza mwiniwake analemba m'nyuzipepala ya New York Times kuti kuchotsedwa kuja kunamuswa mtima. Chimene ndimamulemekezera koposa ndi chakuti sanamutaye Merida. Mu 2013 Disney, imene ndi mwini wake wa Pixar, itamujambulanso mtsikanayu pofuna kugulitsa katundu, itamuchepetsa chiuno ndi kumusalaza tsitsi lake lija losapeseka, mayi Chapman anadzudzula poyera, ngakhale ankadziwa mphamvu za kampani imene akulimbana nayo. Pambuyo pake anatsogolera Come Away, filimu ya anthu enieni imene inatuluka mu 2020.

Akonzi, nkhaniyi siili kutali nafe monga ikuonekera. Kwa anansi athu ku Zambia, mayi Malenga Mulendema anayambitsa Supa Team 4, makatuni a atsikana anayi a mu Lusaka amene Netflix inayamba kuonetsa mu 2023, ndipo olemba nkhani zake anali akazi ochokera m'maiko osiyanasiyana a mu Africa. Pempho langa ndi lakuti pa tsamba lanu la zamsangulutso, mukamalemba za filimu, muzitiuza amene anaiganiza ndi amene anaitsogolera, ndipo ngati mayina awiriwo asiyana, mtolankhani wanu azifufuza kuti chinachitika n'chiyani.

Ndine wowerenga wanu,
wa ku Zomba