Nkhani yokwezedwa pantchito isamakathere kukhoti

Akonzi,

Ine ndikuti milandu ya anthu ogwira ntchito m'boma yolimbirana kukwezedwa ikuchuluka chifukwa mabwana amabisa ndondomeko yake, sikuti anthu amakonda khoti ayi.

Ndagwira ntchito m'boma zaka zambiri ndipo ndinaona ndi maso angawa mayi ena amene tinali nawo ofesi imodzi, iwowo ndi amene anaphunzitsa ntchito mnyamata wobwera kumene, kumuonetsa ngakhale kalembedwe ka memo, kenako mnyamata yemwe uja ndi amene anakwezedwa giredi mayi aja osauzidwa chifukwa chake. Atafunsa anangowayankha kuti fayilo yanu ikusowa. Anapita kwa loya, mlandu nkumangoimitsidwa mpaka anapuma pantchito, penshoni yawo anawerengera pa giredi yakale yomwe ija. Mpaka pano zimandiwawa.

Sindikunena kuti zaka zokha zizikweza munthu, maphunziro ndi khama nazonso nzofunika. Koma chaka chilichonse boma lizitulutsa mndandanda woonetsa kuti uje anayamba liti ntchito komanso ali pa giredi yanji, ikachitika intavyu aliyense azionetsedwa malikisi ake, ndipo pakhale komiti yoima payokha yomva madandaulo pasanathe miyezi itatu, munthu asanayambe kugulitsa katundu kuti alipire maloya.

Wogwira ntchito m'boma wokhudzidwa