Kusintha 3DS kuti izisewera magemu akale si kuba

Akonzi,

Ndiloleni ndiyankhulepo pa nkhani imene ambiri amaitenga ngati ya ana, chikhalirecho ikukhudza funso lalikulu loti chinthu chimene munthu wagula ndi ndalama zake chimakhala chake mpaka pati. Ndikunena za anthu amene amatenga chipangizo cha m'manja chosewerera magemu, monga Nintendo 3DS kapena PlayStation Vita, n'kusintha pulogalamu yochiyendetsa kuti chizitha kusewera magemu a zipangizo zakale monga Game Boy, Game Boy Advance ndi PSP (PlayStation Portable). Kawirikawiri anthu oterewa amaikidwa m'gulu limodzi ndi akuba, ndipo ine ndikuona kuti kumeneku n'kuwalakwira. Akuba alipo ndithu, ndipo sindiwabisa, koma kusintha chipangizo chako kuti usewerepo magemu amene unagula kale ndi njira yosamalira katundu wako.

Amene anazolowetsa anthu kuyembekezera kuti chipangizo chatsopano chizilandira magemu akale ndi kampani ya Nintendo yomwe. Game Boy yoyamba inatuluka mu 1989. Game Boy Color itabwera mu 1998 inkasewera makatiriji (timabokosi tokhala ndi gemu m'kati tolowetsa m'chipangizo) a Game Boy, ndipo Game Boy Advance ya mu 2001 inkalandira makatiriji a mitundu yonse iwiriyo. Nintendo DS ya mu 2004 inali ndi polowetsera pawiri, pena pa makhadi ake atsopano, pena pa makatiriji a Game Boy Advance. Mu 2008, DSi itatuluka, polowetsera pachiwiri paja panachotsedwa, ndipo 3DS ya mu 2011 inabwera yosewera makhadi a DS koma yopanda malo olowetsapo katiriji iliyonse ya banja la Game Boy. Zipangizo za Game Boy Advance zinagulidwa zoposa 81 miliyoni, choncho anthu amene anatsala ndi makatiriji m'manja opanda chipangizo chatsopano chowalandira sanali ochepa.

Chimene chimandilimbitsa mtima kwambiri pa mfundo yangayi ndi zimene zinachitika mu 2011. Malonda a 3DS atayamba mwapang'onopang'ono, kampaniyi inatsitsa mtengo wake patangopita miyezi yochepa, ku Japan kuchoka pa mayeni 25,000 kufika pa 15,000, ndipo pofuna kupepesa amene anagula pa mtengo woyamba inawapatsa magemu akale 20 kwaulere. Khumi mwa magemuwo anali a Game Boy Advance, kuphatikizapo Metroid Fusion, Wario Land 4 ndi The Legend of Zelda: The Minish Cap. Magemu khumiwo sanagulitsidwe kwa wina aliyense pa 3DS mpaka sitolo ya pa intaneti ya chipangizochi inatsekedwa. Koma kupezeka kwawo kunaulula chinthu chofunika, choti 3DS iliyonse ikhoza kusewera magemu a Game Boy Advance, ndipo imatero popanda emulator, ija pulogalamu imene imachititsa chipangizo china kutsanzira chinzake. Kuti izitha kusewera magemu a DS, 3DS inapangidwa ili ndi ziwalo zogwira ntchito ngati za DS m'kati mwake, ndipo DS nayo inali ndi purosesa ya ARM7 ya mtundu umene unkayendetsa Game Boy Advance. Ndiye kuti luso limeneli lili m'chipangizo chilichonse chimene anthu analipira ndalama, kungoti kampani inalilola kwa ochepa okha. Munthu akaika mapulogalamu osinthira 3DS monga boot9strap ndi Luma3DS, kenaka n'kuwonjezerapo open_agb_firm yoyendetsa magemu a Game Boy Advance, sakulanda cha mwini, akungotsegula chipinda cha m'nyumba yake yomwe chimene womanga anachikhoma n'kupita ndi kiyi.

Wina akhoza kunena kuti munthu wofuna gemu yakale angoigula m'njira yoyenera. Mawu amenewa akadakhala omveka njirayo ikadakhalapo. Nintendo inasiya kupanga 3DS mu 2020, inatseka kugula pa sitolo ya eShop ya 3DS ndi Wii U mu Malichi 2023, ndipo mu Epulo 2024 inathetsanso kusewera pa intaneti pa zipangizozi. Magemu a Game Boy ndi Game Boy Color amene ankagulitsidwa pa 3DS, kuphatikizapo Pokémon Red, Blue ndi Yellow amene anatulukanso mu 2016, sangagulidwenso pamenepo lero ngakhale munthu atakhala ndi ndalama m'manja. Kafukufuku amene bungwe la Video Game History Foundation linatulutsa mu 2023 anapeza kuti magemu 87 mwa 100 aliwonse amene anatuluka ku United States chisanafike chaka cha 2010 sakupezekanso pa msika. N'zoona kuti kuyambira mu Febuluwale 2023 magemu ena a Game Boy ndi Game Boy Advance akupezeka pa Nintendo Switch Online, dongosolo lolipira la pa intaneti la chipangizo cha Nintendo chotchedwa Switch, ndipo ndikuyamikira zimenezo, koma kumeneko munthu sagula, amangobwereka. Ukasiya kulipira, magemuwo amatsekeka, ndipo amene amasankha kuti gemu iti ikhalepo ndi kampani, osati wosewera. Magemu a makampani ang'onoang'ono amene anatha kalekale, ngakhalenso amene umwini wawo unagawanika pakati pa makampani angapo, mwayi woti adzabwererenso pa msika ndi wochepa kwambiri.

Palinso vuto la makatiriji enieniwo, lomwe amene sanatsegulepo katiriji salidziwa. Mukamasula kasikuluwu ka kumbuyo kwa katiriji ya Game Boy ya gemu yosunga pamene munthu wafika, mupeza kabatire kozungulira, kaphanthiphanthi, kowotcheredwa pa bolodi ndi timapazi tiwiri tachitsulo. Kabatire kameneka ndi kamene kamagwira zonse zimene wosewera wachita, chifukwa memori ya m'katirijimo imafufutika ikangosowa mphamvu. Makatiriji a Pokémon Gold ndi Silver amamaliza kabatireka msanga kuposa ena chifukwa muli wotchi imene imayendabe ngakhale katiriji ili m'kabati. Tsiku lina munthu amayatsa gemu yake n'kupeza kuti mawu oti apitirize pamene anasiyira palibenso, latsala ndi dera loyambira gemu yatsopano basi, ndipo zonse zimene anasonkhanitsa kwa zaka zapita. Kusintha kabatireko mosasamala kumafufutanso zomwezo, chifukwa mphamvu imaduka pa nthawi yochotsa kakaleko. Njira yodalirika ndi kukopera kaye gemuyo ndi zimene zasungidwamo pogwiritsa ntchito kachipangizo kowerengera makatiriji kolumikizidwa ku kompyuta, ndipo fayilo imeneyo ndi imene munthu amaika pa khadi ya SD n'kupitiriza pa 3DS yake yosinthidwa. Pa makhadi a DS ntchitoyi ndi yophweka kwambiri, popeza 3DS yosinthidwa imatha kuwakopera yokha kudzera pa pulogalamu ya GodMode9. Sindikuona mlandu umene munthu wochita zimenezi angaimbidwe ndi chikumbumtima chake, popeza gemu anaigula, chipangizo anachigula, ndipo zosungidwazo ndi thukuta lake.

Sindikufuna kuti owerenga aganize kuti zonse zimayenda bwino popanda chotayika, chifukwa sizili choncho. Sikirini ya Game Boy Advance ili ndi timadontho 240 m'litali ndi 160 m'lifupi, pamene sikirini ya pamwamba ya 3DS ili ndi 400 ndi 240. Manambalawa sagawika bwino, choncho chithunzi chikakulitsidwa kuti chidzaze sikirini kuchokera pamwamba mpaka pansi, kadontho kamodzi kamayenera kutenga malo a kadontho kamodzi ndi theka, ndipo zilembo ndi m'mphepete mwa zinthu zimaoneka zofufuma pang'ono. Wosafuna zimenezo amasankha kukula kwake koyambirira, chithunzi n'kukhala chakuthwa koma chaching'ono, chozunguliridwa ndi mdima mbali zonse. Mitundu nayonso imasintha. Game Boy Advance yoyamba inalibe nyali m'sikirini, motero opanga magemu ambiri ankawalitsa mitundu dala kuti izioneka pa sikirini yodera ija, ndipo mitundu yomweyo ikafika pa sikirini yowala ya masiku ano imakhala yothobwa m'maso. Mapulogalamu ena ali ndi pochepetsera kuwalako kuti chithunzi chifanane ndi chimene opangawo ankaona, ndipo ine ndimalangiza aliyense kuti ayambe wasintha pamenepo asanaweruze kuti gemu yakale ndi yosakongola.

Magemu ena anali ndi zida zawozawo m'katiriji momwemo, ndipo zimenezi sizikopereka. Boktai ya mu 2003 inali ndi kachida koyeza kuwala kwa dzuwa, moti wosewera ankayenera kutuluka panja kuti chida cha munthu wa m'gemumo chipeze mphamvu. WarioWare: Twisted! inkamva chipangizo chikamapotoledwa, ndipo Drill Dozer inkanjenjemera m'manja. Emulator monga mGBA imayesetsa kutsanzira zina mwa zimenezi, koma kukanikiza batani kuti dzuwa liwale sikufanana ndi kuima padzuwa penipeni. Ndiponso emulator imafuna mphamvu zambiri, choncho imayenda bwinoko pa New 3DS ya mu 2014 kusiyana ndi pa 3DS yoyamba, pomwe magemu ena amachedwa ndipo mawu amadukaduka. Amene akufuna magemu oterewa monga momwe analili asataye chipangizo chake chakale.

Ku mbali ya Sony, kampani imene inapanga PSP ndi Vita, nkhani yake ndi yofanana. PSP inkagwiritsa ntchito timadisiki ta UMD, ndipo Vita inabwera yopanda polowetsa timadisikito, ngakhale kuti m'kati mwake muli zonse zoyenera kusewerera magemu a PSP. Pulogalamu ya Adrenaline, imene imaikidwa pa Vita yosinthidwa, imatsegula mbali imeneyo yonse. Mu 2021 Sony inalengeza kuti itseka sitolo ya pa intaneti ya Vita, ndipo inabweza ganizolo anthu atadandaula kwambiri, zomwe zikusonyeza kuti kupezeka kwa magemu ogula pa intaneti kumangodalira chifuniro cha kampani.

Tsopano ndinene za amene amaipitsa mbiri ya onse. Pali anthu amene amagulitsa zipangizo zosinthidwa kale, zodzaza ndi magemu masauzande amene sanalipire ngakhale imodzi, ndipo ena amasintha Switch kuti azisewera ulere magemu amene akugulitsidwa lero lomwe, opangidwa ndi anthu amene akudikira malipiro awo. Kumeneko ndi kuba, ndipo sindingakuikire kumbuyo. Mu Malichi 2024 opanga emulator ya Switch yotchedwa Yuzu anavomera kulipira Nintendo madola 2.4 miliyoni, ndipo chomvetsa chisoni n'chakuti Citra, emulator ya 3DS imene inkathandiza kuti magemu a chipangizo chosiyidwa kale asatayike, inatsekedwa nayo limodzi. Anthu akamasakaniza kusunga zakale ndi kuba zatsopano, makampani amapeza chifukwa chothira nkhondo zonse pamodzi. Wowerenga adziwenso kuti malamulo a mayiko amasiyana pa nkhaniyi. Ku Japan lamulo limene linasinthidwa mu 2018 limaletsa malonda osinthira anthu zipangizo zotere, ndipo m'mayiko ambiri kutsitsa gemu pa intaneti popanda chilolezo cha mwini wake ndi mlandu ngakhale utakhala kuti katiriji yake uli nayo. Chimene ndikuteteza ine ndi kukopera katiriji yako ndi manja ako, n'kuisewera pa chipangizo chako.

Kwa amene akuganiza zosintha chipangizo chake, ndingapereke chenjezo lakuti ntchitoyi imafuna kudekha. Kulakwitsa pena pake kukhoza kuchititsa kuti chipangizo chisayakenso, ndipo kampani siingathandize munthu amene wasintha pulogalamu yake. Malangizo olembedwa amene amakonzedwa pafupipafupi ndi odalirika kuposa mavidiyo akale, chifukwa njira imene inkagwira ntchito zaka zapitazo ikhoza kukhala yosayenera pa pulogalamu imene ili m'chipangizocho lero. Batire likhale lodzaza musanayambe, khadi ya SD ikhale yeniyeni osati yachinyengo yonamiza kukula kwake, ndipo mukangomaliza mukopere memori ya m'kati mwa chipangizocho n'kuisunga pa kompyuta, popeza fayilo imeneyo ndi imene ingabwezeretse zinthu m'malo mwake zikadzasokonekera.

Pempho langa kwa makampani ndi lakuti agulitse magemu akalewa kotheratu, gemu iliyonse payokha, kuti wogula akhale nayo ngakhale atasiya kulipira mwezi ndi mwezi ndipo azitha kupita nayo pa chipangizo chotsatira. Anthu ambiri amene amasintha zipangizo zawo akanakonda kulipira kusiyana ndi kutaya nthawi akulimbana ndi mafayilo. Nyumba zosungira mabuku ndi zinthu zakale nazo ziyenera kupatsidwa mpata. Mu Okutobala 2024 ofesi yoona za umwini wa ntchito zaluso ku United States inakana pempho loti nyumba zoterezi zizilola ofufuza kusewera magemu osowa pa msika ali kutali kudzera pa intaneti, ndipo ndikuona kuti ganizo limeneli liyenera kuunikidwanso. Kwa inu akonzi ndi atolankhani anu, ndikupempha kuti polemba za nkhaniyi muzifunsa kaye ngati gemu ikukambidwayo ikugulitsidwabe, ngati munthuyo anaigula, komanso ngati akupezerapo phindu pa ntchito ya ena, musanamutchule kuti ndi wakuba.

Ine wanu,
Wowerenga wokonda magemu akale