Gulu la Foals linaimba ku Mangochi ife tisakulidziwa

A Mkonzi,

Ndiloleni ndiyankhepo pa dandaulo limene limamveka nthawi iliyonse okonza maphwando a zoimbaimba akalengeza mayina a oimba ochokera kunja, loti amatibweretsera magulu osadziwika pamene ndalama yolowera pakhomo ndi yoboola m'thumba. Za ndalamazo sindikutsutsa, koma mawu akuti "osadziwika" ndi amene andichititsa kulemba kalatayi, chifukwa inenso ndinawalankhulapo ndipo pambuyo pake ndinachita nawo manyazi.

Mu 2011 ndinali m'gulu la anthu amene anapita ku Nkopola, m'boma la Mangochi, ku phwando la Lake of Stars. Ine ndi mnzanga tinapitira oimba athu a konkuno, moti pamene anyamata asanu a ku England otchedwa Foals anakwera pansanja, tinali titakhala pamchenga chapatali, nsapato zili m'manja, tikufunsana kuti amenewa ndiye ndaninso. Chimene chinandidzutsa pamchengapo ndi magitala. Anali atawakoleka m'mwamba, pafupi ndi chifuwa, ndipo ankawakhwacha cha kumunsi kwa mpini kumene kumatuluka mawu ang'onoang'ono, wina akuyamba, mnzake akumulandira, monga amachitira akatswiri a sungura kapena a nyimbo za ku Congo. Mnzanga uja, amene amakonda Alick Macheso kuposa woimba wina aliyense, anangoti, "Achimwene, azungu awa anaphunzira kuti zimenezi?"

Yankho la funso limeneli ndinalipeza pang'onopang'ono m'zaka zotsatira. Gululi linayamba mu 2005 mumzinda wa Oxford, ndipo mtsogoleri wake, Yannis Philippakis, anasiyira panjira maphunziro a pa yunivesite yotchuka ya mumzindawo kuti aike mtima wonse pa kuimba. Poyamba ankaimba m'nyumba za anthu, pa timaphwando ta achinyamata timene woimba ndi womvera amakhala atathithikana m'chipinda chimodzi, ndipo mbiri yawo inafala kuchokera m'malo oterowo wailesi zisanayambe kuwalabadira. Nyimbo zawo zimaikidwa m'gulu la indie rock, dzina limene linayamba ponena za oimba otulutsa nyimbo kudzera m'makampani ang'onoang'ono oima paokha, ndipo iwonso chimbale chawo choyamba anachitulutsira ku kampani yotere, ya Transgressive.

Nkhani ya chimbale chawo choyamba, Antidotes, cha mu 2008, ndi imene imandisangalatsa kwambiri. Anakachijambula ku New York ndi kadaulo wodziwika bwino, Dave Sitek wa gulu la TV on the Radio, koma atamva mmene iye anasakanizira mawu a zida, sanakhutire, ndipo anakonzanso ntchitoyo okha. Tangoganizani anyamata amene sanatulutsepo chimbale n'chimodzi chomwe akukana ntchito ya munthu amene dzina lake lokha likanawathandiza kugulitsa. Ena angati kumeneko n'kudzimva, koma ine ndimaona kuti anali anthu odziwa kale mmene akufuna kuti nyimbo zawo zizimvekera. M'chimbale chomwecho muli malipenga a oimba a gulu la Antibalas, limene limaimba Afrobeat, chamba chimene anachitchukitsa ndi Fela Kuti wa ku Nigeria. Choncho khutu la mnzanga silinaname: anyamatawa anali atamvetsera nyimbo za ku Africa mofatsa, ndipo sanabise zimenezi.

Pamene ankafika kunyanja kwathu anali ndi zimbale ziwiri. Chachiwiricho, Total Life Forever, cha mu 2010, chinali chitasankhidwa kale kupikisana nawo pa mphoto ya Mercury, imene ku Britain imaperekedwa kwa chimbale chimene akatswiri achiona kuti chaposa zonse m'chakacho. Ndiye kuti kwawo anali anthu olemekezeka kale, ndipo osadziwa tinali ifeyo. Komabe anali asanafike pachimake. Anatulutsa Holy Fire mu 2013 ndi What Went Down mu 2015, nyimbo zawo zikunka zilemera mawu ndi kukula mphamvu kuti zikwane mabwalo aakulu, ndipo mu 2016 anali m'gulu la oimba otsekera usiku pa maphwando a Reading ndi Leeds, ulemu umene gulu lililonse la rock ku England limaulakalaka.

Ngakhale zinali choncho, malo oyamba pa mndandanda wa zimbale zogulidwa kwambiri ku Britain anawapeza mu 2019, patatha zaka 14 chiyambireni gululo. Chaka chimenecho anatulutsa zimbale ziwiri za mutu umodzi, Everything Not Saved Will Be Lost, ndipo chachiwiricho ndi chimene chinakwera pamwamba pa zonse. Mu 2020 analandira mphoto ya Brit monga gulu lopambana la ku Britain. Ulendowu sunali wopanda zokhoma, pakuti woimba besi, Walter Gervers, anachoka mu 2018 n'kudzabwereranso mu 2023, ndipo wa kiyibodi, Edwin Congreave, anatsanzika mu 2021, moti chimbale cha Life Is Yours cha mu 2022 anachijambula atatsala atatu: Philippakis, Jimmy Smith wa gitala ndi Jack Bevan wa ng'oma. Chimene ndimachiyamikira n'chakuti gululo silinagawike pawiri n'kuyamba kulimbirana dzina ndi zida, monga zimachitikira kawirikawiri oimba akasemphana maganizo.

Ubale wawo ndi nyimbo za kuno sunathere pa chimbale choyamba chija. Philippakis anajambulapo nyimbo ku Paris ndi Tony Allen, katswiri wa ng'oma amene anaimba ndi Fela Kuti kwa zaka zambiri. Allen anamwalira mu 2020 ntchitoyo isanathe, ndipo nyimbozo zinadzatuluka mu 2024 pa kachimbale kotchedwa Lagos Paris London. Akuluakulu amati mlendo ndi amene amadza ndi kalumo kakuthwa, koma pa nkhani iyi ndimaona kuti mlendoyo kalumo kake anakanolera kwathu kuno ku Africa, ndipo ife tinatsala pang'ono kumutembenukira msana chifukwa chakuti dzina lake linali lachilendo m'makutu mwathu.

Sindikunena kuti gulu lililonse lotsika ndege ndi la luso, kapena kuti oimba athu azipatsidwa nthawi ya masana dzuwa likuswa mtengo n'cholinga choti alendo aimbe usiku anthu atadzaza. Pamenepo odandaula aja ndimagwirizana nawo kwathunthu, ndipo woimba wa kuno amene wakoka khamu ayenera kulipidwa molingana ndi khamulo. Koma mlandu wa kusadziwa kwathu sungagwere okonza phwando okha. Mbali ina ndi ya inu atolankhani, amene nthawi zambiri mumangosindikiza mndandanda wa mayina ndi mtengo wa tikiti, osatiuza kuti anthuwa ndi ndani, amaimba zotani ndipo achokera kutali bwanji.

Pempho langa ndi lakuti mayina a oimba akunja akalengezedwa, tsamba lanu la zisangalalo lizitipatsa mbiri yawo m'Chichewa phwando lisanafike, ngakhale ndime zitatu zokha, ndipo wailesi ziziikako nyimbo imodzi kapena ziwiri kuti tikamakwera basi ya ku Mangochi tikhale titamvako kale. Ndikanawerenga zotere mu 2011, bwenzi nditaimirira kutsogolo penipeni kuyambira nyimbo yoyamba, m'malo mofika pafupi ndi nsanja nyimbo zingapo zitadutsa kale, nsapato zikadali m'manja.

Ine wowerenga wanu,
Zomba