Olemba nkhani za makatuni tiwapatse malo

A Mkonzi,

Ndiloleni ndiyamikire Malenga Mulendema, mayi wa ku Zambia amene anayambitsa katuni ya Supa Team 4 yomwe Netflix, kampani yoonetsa mafilimu pa intaneti, inayamba kuonetsa mu 2023. Nkhani yake ndi ya atsikana anayi amene akupulumutsa mzinda wa Lusaka wa m'tsogolo. Ulendo wa Mulendema unali wautali. Mu 2015 anasankhidwa pa mpikisano wa Story Lab wa kampani yopanga makatuni ya Triggerfish ya ku Cape Town, kenako panadutsa zaka 8 katuniyo isanatuluke. Gulu limene analemba nalo linali la amayi okhaokha a mu Africa muno.

Mwana wanga wamkazi ataionera anathamangira kukhitchini akufuula kuti, "Amayi, tsitsi lake n'lofanana ndi langa!" Kuyambira tsiku limenelo, masamba akumapeto a makope ake adzaza zithunzi ndi timawu ta anthu ojambulidwawo. Chinandiwawa n'chakuti mphunzitsi wina anamung'ambira masambawo, ati akutaya nthawi.

Chonde nyuzipepala yanu izilembako za ntchito imeneyi, ndipo mawayilesi athu a kanema ayambe kugula nkhani za olemba akwathu, m'Chinyanja momwe.

Mayi wa ana awiri,
Chipata