Kalata kwa makolo potseka teremu yoyamba: mabuku a mulaibulale abwera kunyumba

Okondedwa makolo ndi nonse olera ana,

Landirani moni kuchokera kwa aphunzitsi onse ndi a komiti ya sukulu. Teremu yoyamba yatha. Mwana wanu wabwera ndi sukulu lipoti yake, ndipo m'chikwama mwake mulinso chinthu chimene sitinkatumiza kunyumba m'mbuyomu: mabuku a mulaibulale. Wa Sitandade 1 mpaka 4 watenga buku limodzi la nthano la Chichewa, wa Sitandade 5 mpaka 8 watenga awiri, la Chichewa ndi la Chingerezi. Za malikisi tidzakambirana pamsonkhano wa makolo ndi aphunzitsi. Kalata ino ndi ya mabukuwa.

Mwana amene wangoyamba kumene kuphatikiza malembo akatha masabata angapo osaona chilembo amabwerera m'mbuyo, ndipo mphunzitsi amayambanso naye pa a, e, i, o, u. Wamkulu naye ali ndi phiri lake: mayeso a PSLCE amabwera m'Chingerezi kupatula phunziro la Chichewa lokha, choncho amene sazolowera kuwerenga Chingerezi amalephera funso la sayansi ngakhale yankho akulidziwa, chifukwa funsolo sanalimve.

Ena mufunsa kuti bwanji tikupereka katundu wa sukulu m'manja mwa ana m'nyengo ya mvula. Laibulale ya anthu onse inayamba ndi funso lomwelo. Kale ku Ulaya mabuku ankakhala m'matchalitchi, m'mayunivesite ndi m'nyumba za olemera, ndipo malo obwereketsa mabuku ankafuna ndalama ya umembala imene wantchito wa m'fakitale sakanaikwanitsa. Mu 1850 nyumba ya malamulo ya ku Britain inalola matauni akuluakulu kutolera kamsonkho komangira malaibulale olowamo aliyense mwaulere. Lamulolo linali ndi chilema chake: ndalamazo sizinkaloledwa kugulira mabuku, moti malaibulale oyambawo ankadalira mabuku opatsidwa mpaka pamene linakonzedwa mu 1855. Kenako kunabwera Andrew Carnegie, mwana wa mmisiri woomba nsalu wa ku Dunfermline ku Scotland, amene anakalemera ndi zitsulo ku America. Ndalama zake zinamanga malaibulale oposa 2,500 pakati pa 1883 ndi 1929. Koma sankangopereka. Tauni yofuna laibulale inkayenera kupeza yokha malo, kulonjeza kuti chaka chilichonse izisonkha gawo limodzi mwa magawo khumi a mtengo wa nyumbayo kuti ntchito iziyenda, ndiponso kuti khomo lidzakhala lotseguka kwa aliyense. Ndi momwe timachitira ndi mjigo: wina amatikumbira, koma ngati mudzi susonkha ya masipeya, pakutha zaka ziwiri amayi amabwerera kumtsinje.

Kwathu kuno nyumba ya malamulo inakhazikitsa bungwe la National Library Service mu 1967, patangopita zaka zitatu chilandirireni ufulu, ndipo linayamba ntchito mu 1968. Likulu lake lili ku City Centre ku Lilongwe, nthambi zili ku Blantyre, ku Mzuzu ndi m'maboma ena, ndipo limatumizanso mabuku kusukulu ndi kumalo owerengera a kumidzi. Ena mwa mabuku a Chingerezi amachokera ku mabungwe akunja monga Book Aid International. A Chichewa ndiwo osowa, chifukwa palibe dziko lakutali limene lingatitumizire. Buku la nthano la Chichewa likatayika, kupeza lina n'kovuta kuposa la Chingerezi.

Nkhani ya William Kamkwamba wa ku Wimbe ku Kasungu ambiri mumaidziwa. Njala ya 2001 ndi 2002 inamuchotsa kusekondale chifukwa fizi inasowa. Chimene sichinamuthamangitse ndi kalaibulale ka pasukulu ya pulayimale ya kwawoko. Chingerezi cha m'mabuku a sayansi chinkamuvuta, koma ankatsata zithunzi ndi zojambula zake, mpaka ali ndi zaka 14 anamanga makina oyendera mphepo pogwiritsa ntchito milimoti ya bulugamu, zitsulo za njinga ndi zina zotola, n'kuyatsa magetsi kunyumba kwawo. Taonani mfundo ziwiri pamenepa. Analoledwa kulowa ngakhale sanalinso pasukulu, ndipo buku limene linamuthandiza analipeza lili pashelefu.

Tsopano zoyenera kuchita kunyumba. Mphindi 15 kapena 20 patsiku n'zokwanira, bola likhale tsiku lililonse. Tikudziwa kuti ino ndi nyengo yopalira ndi kuthira feteleza ndipo ana ali ndi gawo lawo kumunda, choncho sankhani nthawi imodzi yodziwika, makamaka mukaweruka, dzuwa lisanalowe, pakhonde. Mwana awerenge mokweza, akuloza liwu lililonse ndi chala. Akakakamira pa liwu musamuuze msanga. Mudikireni pang'ono, kenako aliphwanye m'maphatikizo, monga mpha-mba-no, aliphatikizenso, ndiye abwereze chiganizo chonsecho kuti tanthauzo lisatayike. Ana ang'onoang'ono amachenjera: amaloweza nthano yonse n'kumainena poyang'ana zithunzi. Kuti mudziwe ngati akuwerengadi, phimbani chithunzi ndi dzanja, mulozeni liwu la pakati pa tsamba. Kwa wamkulu amene ali ndi buku la Chingerezi, awerenge tsamba limodzi akupinda chala pa liwu lililonse losalidziwa. Zala zisanu zikatha tsamba lisanathe, bukulo lamukulira. Abwere adzasinthe, si mlandu.

Inu amayi, abambo kapena agogo amene simunapite patali ndi sukulu, ntchitoyi ndi yanunso. Mwana akawerenga, mufunseni kuti, "Nanga kenako kunachitika chiyani? Kalulu anatero chifukwa chiyani?" Amene wamva zimene wawerenga amafotokoza m'mawu akeake, amene sanamve amabwereza ziganizo za m'buku kapena amangoti zii. Zimenezi khutu lanu lizizindikira popanda kudziwa chilembo. Chonde musamukalipire kapena kumukwapula akaphonya. Mwana wamantha amangolota mawu kuti athane nazo msanga, ndipo chizolowezi chimenecho chimavuta kuchichotsa m'kalasi.

Mdani wamkulu wa buku m'miyezi ino ndi chinyontho. Tsiku loyamba lomwelo likutireni ndi pepala lolimba, ndipo mwana akamaliza kuwerenga lilowe m'jumbo kapena m'kathumba kouma ka shuga. Lisungidwe pamwamba, osati pansi, osati motsamira khoma ladothi, osati kunsi kwa mphasa. Chiswe chimalowera kumsana kwa buku kumene kuli guluu, ndipo masiku ochepa chimakhala chamaliza m'kati chikuto chikuonekabe chabwinobwino. Makoswe ndi mphemvu zimatsata fungo la chakudya, n'chifukwa chake mwana asambe m'manja akadya nsima, mango kapena mandasi. Asanyowetse chala ndi malovu potembenuza tsamba, asapinde ngodya posunga malo. Kapepala kapena kaudzu kouma kamagwira ntchitoyo. Buku lisapindidwe chagada mpaka zikuto kukumana, pakuti msana umathyoka ndipo masamba a pakati amayamba kuthothoka.

Likanyowa musaliyanike padzuwa kapena pafupi ndi moto. Pepala louma mofulumira limakwinyika ndipo guluu amasweka. Liimikeni chotsegula pang'ono pamthunzi podutsa mphepo, muzilekanitsa masamba pafupipafupi kuti asamatirirane, makamaka a zithunzi osalala aja, amene akauma ali ophatikana salekanikanso. Likatsala pang'ono kuumiratu litsekeni, muikepo thabwa ndi njerwa ziwiri usiku wonse. Mukalisiya lotseka lili lonyowa, pakutha masiku awiri kapena atatu limachita chuku. Tsamba likang'ambika musamate ndi selotepi kapena phala: selotepi amasanduka wachikasu n'kumatuka atasiya banga, phala limaitana mphemvu. Ikani chidutswacho m'kati mwa buku, tidzamata ife ndi guluu woyenera. Ndipo tinene mosabisa: tsamba la buku si lokulungira mtedza, si lopichirira fodya, si lokolezera mbaula. Tsamba limodzi likachoka, ana onse obwera pambuyo nthanoyo saimaliza.

Wowerenga usiku agwiritse ntchito tochi kapena nyale ya sola, osati kandulo kapena koloboyi pafupi ndi mapepala. Mu Disembala 2015 moto unapsereza laibulale ya yunivesite ya Mzuzu ndi mabuku pafupifupi 45,000 usiku umodzi. Pepala silichedwa kuyaka.

Buku lililonse lili ndi chidindo cha sukulu ndi nambala yake, ndipo nambalayo yalembedwa m'kaundula moyang'anizana ndi dzina la mwana wanu. Asasinthane ndi mnzake kumudzi, chifukwa zikatero kaundula amaloza munthu wolakwika. Abale ake ndi ana a oyandikana nawo awerenge nawo pakhomo panu, zimenezo tikuzifuna kumene, koma buku ligone kwanu. Onse abweze sabata yoyamba ya teremu yachiwiri. Lowonongeka libwere momwe lililimo, musalibise. Lotayika, kholo libwere tidzakambirane. Palibe mwana amene adzabwezedwe pakhomo la kalasi chifukwa cha buku.

Patchuthi pano laibulale ya sukulu izitsegulidwa Lachiwiri ndi Lachisanu kuyambira 9 koloko mpaka 12 koloko masana. Ndi ya ana ofuna kusintha mabuku, ya achinyamata amene anasiyira sukulu panjira, ndi yanu makolo. Amene muli kufupi ndi nthambi ya National Library Service, pitani ndi mwana kamodzi kokha akaone. Tengani chiphaso chanu cha unzika, ndipo kalata yotsimikiza kuti mwanayo ndi wophunzira wathu tipereka kwa aliyense woifuna. Kumeneko kuli nyuzipepala zokhala ndi malonda a ntchito, kuli malo achete owerengera kwa okonzekera mayeso, ndipo mabuku amasanjidwa potsata manambala olembedwa kumsana: 510 ndi masamu, 500 mpaka 599 sayansi yonse, 610 zaumoyo, 630 ulimi, 900 mbiri ndi za maiko. Mukasokonezeka funsani wosamalira laibulale, ndiyo ntchito yake. Buku limene mwatsitsa n'kuiwala malo ake musalibwezere paliponse, lisiyeni patebulo, chifukwa loikidwa pashelefu yolakwika silipezekanso ngakhale lili m'nyumba momwemo.

Pomaliza, komiti ya sukulu ikupempha akalipentala ndi amisiri omanga amene ali pakati panu kuti abwere Loweruka loyamba la tchuthi. Mashelefu athu akufunika kukwezedwa masentimita 15 kuchoka pansi ndi kutalikitsidwa pang'ono kukhoma kuti mphepo izidutsa ndiponso njira za chiswe zizioneka msanga, ndipo malata a pakona ya kum'mawa akudontha. Matabwa, misomali ndi phula zilipo kale. A gulu la amayi adzatsogolera ntchito yokutira mabuku otsala tsiku lomwelo. Amene muli ndi makalendala akale kapena mapepala a khaki, mubwere nawo.

Tikufunirani Khirisimasi yabwino ndi mvula yokolola.

Ine wanu,
Mphunzitsi Wamkulu